Nsapato za pamwala wa Félix Leclerc

Nachisale wa ku Lévis: Moni nonse pagulu. Ndasowa nthawi yaitali, ntchito yausiku inandimeza. Lero sindinabwere ndi za mapepala kapena mtengo wa tikiti ayi, ndabwera ndi nkhani ya woimba.

Ena mukudziwa kuti ndimagwira ntchito panyumba yosamalira okalamba kuno ku Canada, tsidya lino la mtsinje wa Saint-Laurent, moyang'anana ndi mzinda wa Québec. Pali agogo ena aamuna, zaka zapitirira 90, mutu unayamba kuiwala kalekale. Mwana wawo wobala okha akabwera amamufunsa kuti ndinu ndani. Chakudya timachita kuwadyetsa, ndipo tsiku lonse mawu otuluka pakamwa pawo sakwana khumi. Sabata yatha mnzanga wapantchito anatsegula nyimbo pafoni tikupinda zofunda. Gitala imodzi basi, ndi mawu a mwamuna okhuthala ngati akuchokera pansi pa mgolo. Agogo aja anadzutsa mutu n'kuyamba kuimba. Osati kung'ung'udza ayi, kuimba ndithu mawu onse, ndime ndi ndime, chala chikugogoda pampando. Nyimbo itatha anandiyang'ana ine n'kutchula dzina limodzi: Félix. Kenako zii, ngati sipanachitike kanthu.

Loweruka ndinali pa ofu, ndiye mnzanga uja ananditenga pagalimoto kupita kuchilumba cha Orléans, mphindi zochepa kuchoka mumzinda, pali mlatho wakale wopapatiza. Tinkati tikagule maapozi. Titafika m'mudzi wa Saint-Pierre anaimika galimoto pamanda, ine kudabwa. Anandilondolera pamwala wina wosadzionetsera, wolembedwa Félix Leclerc, 1914 mpaka 1988. Patsinde pake panali nsapato. Zakutha, zina zonyowa ndi mvula, ina ya mwana, ina jombo ya kumunda. Ine thupi linachita tsemwe, mukudziwa kale zomwe munthu woleredwa ndi agogo angaganize akaona nsapato pamanda. Mnzanga uja anangoseka nati anthu amasiya dala.

Ndiye funso langa ndi ili: munthu ameneyu anali ndani kwenikweni? Akuno ukawafunsa amangoti "ndi Félix", ngati wawafunsa kuti dzuwa n'chiyani. Aphunzitsi, ndikudziwa mulipo, musabisale.

Bambo a Mphatso: Achemwali, mwandichititsa manyazi. Ine ndimayendetsa thiraki pamsewu wa 40, kuchoka Montréal kudutsa Trois-Rivières mpaka Québec, katatu pasabata. Zikwangwani zimalembedwa Autoroute Félix-Leclerc. Zaka zisanu ndi chimodzi ndakhala ndikuganiza kuti anali nduna ya zamisewu kapena mkulu wa asilikali. Kodi ndi woimba? Msewu wonse uja kuupatsa munthu wa gitala?

Aphunzitsi Opuma: Ndilipo a Nachisale, ndimati ndimalize kaye kuthirira mpiru. Dzina limeneli ndinalimva koyamba m'ma 1980 kwa mphunzitsi mnzanga wochokera ku Québec amene tinkaphunzitsa naye Chifalansa. Ponyamuka anandisiyira makaseti awiri, ndipo imodzi ndinaimvera mpaka inadyedwa ndi wailesi.

A Leclerc anabadwa pa 2 Ogasiti 1914 ku La Tuque, tauni ya m'nkhalango m'mbali mwa mtsinje wa Saint-Maurice. Anali wachisanu ndi chimodzi m'banja la ana 11. Bambo awo ankachita malonda a mitengo ndi mbewu, ndipo pakhomopo pankagonanso amuna odula mitengo akatuluka m'nkhalango. Ali mnyamata anawatumiza kusukulu ya ansembe ku Ottawa, kenako analowa yunivesite ya komweko, koma mu 1933 fizi inasowa chifukwa cha mavuto azachuma omwe anagwetsa dziko lonse lapansi zaka zimenezo. Anabwerera kukagwira khasu pafamu ya makolo awo pafupi ndi Trois-Rivières.

Chomwe chinawachotsa kumunda ndi mawu aja mwawamva. Mu 1934 anapeza ntchito ya uulutsi pa wailesi ya CHRC ku Québec, n'komwenso anaphunzirira gitala. Anadzapita pa wailesi ina ku Trois-Rivières, ndipo mu 1939 analowa Radio-Canada ku Montréal. Tsono apa mumvetse bwino, chifukwa ambiri amasokoneza: kumeneko sanawalembe ngati woimba. Anali wolemba ndi wochita masewero a pawailesi. Anachita nawo ngakhale m'sewero lotchuka kwambiri la nthawi imeneyo, *Un homme et son péché*, la munthu woumira dzina lake Séraphin. A Nachisale mukafunse agogo anuwo, mpaka lero ku Québec munthu wowuma manja amamutcha séraphin. Analinso m'gulu la zisudzo la Compagnons de Saint-Laurent, lomwe anayambitsa wansembe Émile Legault. Nthano ndi ndakatulo zomwe ankalembera wailesi anazisonkhanitsa m'mabuku atatu mu 1943 ndi 1944, ndipo mu 1946 anatulutsa *Pieds nus dans l'aube*, buku la ubwana wawo ku La Tuque. Mutuwo ukunena za kuyenda chopanda nsapato m'bandakucha.

Za nsapato zija musaope. Nyimbo yawo ina yodziwika, *Moi, mes souliers*, ndi ya munthu amene akufotokoza moyo wake kudzera mu nsapato zake: kumene zayenda ndi matope omwe zaponda. Anthu akafika pamwalapo amasiya zawo.

Wagitala wa ku Kawale: Ndangomvera nyimbo zinayi pa YouTube, bandulo yanga yapita koma sindikudandaula. Mdalayu gitala sakukwapula ayi, akuchita kutola ndi zala, chala chachikulu chikuyendetsa bezi, zinazo zikuthamanga pamwamba. Pali ina ya sitima yapamtunda, gitala yokhayo ikumveka ngati mawilo panjanji. Ndipo pa kanema wina waimirira, phazi limodzi waika pampando, gitala pantchafu. Palibe ng'oma, palibe ovina, palibe womuthandiza kolasi. Ine Chifalansa changa chinathera pa bonjour wa Fomu 1 koma ndakhala phee mpaka kumapeto.

Kamtsutso: Ndiloleni ndithire mchenga pang'ono, monga mwa ntchito yanga. Aphunzitsi mwaimira pa 1946 mwadala. Nenani zoona: munthuyu kwawo sankamuwerengera. Anafika zaka 36 ali wamba, mpaka Mfalansa wina anabwera kudzamutola, anthu a ku Paris anaomba m'manja, basi a Québec onse n'kudzidzimuka kuti kodi tili ndi ngwazi. Ndiye msewu uja a Bambo a Mphatso akuyendamo, kwenikweni anaupereka ndi Paris. Mtundu womwe umadikira mlendo kuti auuze kuti nyimbo zake n'zabwino, kenako n'kumadzitama kuti ndife onyadira chinenero chathu, ine zimandiseketsa.

Aphunzitsi Opuma: Achimwene a Kamtsutso, theka mwalasa, theka mwaphonya. Zomwe zinachitika ndi izi. Mu 1950 Jacques Canetti, mkulu wofufuza oimba wa kampani ya zimbale ya Polydor, anafika ku Montréal. Woimba wina wakomweko, Jacques Normand, anamumvetsera nyimbo yojambulidwa ya a Leclerc. Canetti sanachedwe, anawapatsa kontirakiti ya zaka zisanu. Mu Disembala chaka chomwecho a Leclerc anaima pansanja ya ABC ku Paris, kutsegulira gulu la Compagnons de la chanson. Pazikwangwani anawalemba kuti "Le Canadien". Taganizani: nthawi imeneyo woimba ku Paris ankabwera ndi suti ndi gulu la zoimbira kumbuyo. Uyu akulowa yekha, shati ya anthu odula mitengo, gitala ndi mpando. Holo inagwedezeka. Anakhala miyezi yoposa chaka akuimba ku Trois Baudets, kanyumba ka zisangalalo ka Canetti, ndipo mu 1951 nyimbo ya nsapato ija inawapatsa mphoto ya Académie Charles-Cros. Anapalana ubwenzi ndi katswiri wa gitala Django Reinhardt. Oimba otchuka Georges Brassens ndi Jacques Brel anadzadutsa pakhomo lomwelo la Canetti pambuyo pawo, mmodzi mu 1952 wina mu 1953, aliyense ndi gitala yake. Mpaka apa mwalondola.

Pomwe mwaphonya ndi pa mawu oti "kwawo". Kwawo kwa ndani? Mayi wa kumudzi amene ankasiya mbale kuti amvere sewero pawailesi ankawadziwa. Mabuku aja ankagulidwa ndipo ankawerengedwa m'masukulu. Omwe ankawanyoza anali ophunzira a m'tauni, olemba m'manyuzipepala, amene ankati izi n'zachimidzi, zonunkha khola ndi tchalitchi. Nyimbozo n'zomwe panalibe woziyesa kanthu, ndipo ngakhale eni akewo sankaziika patsogolo. Mu 1948, pamene iwo ndi anzawo Guy Mauffette ndi Yves Vien anakhazikitsa kagulu ka zisudzo ku Vaudreuil, nyimbo ankaziimba potseka mpata, anthu akusuntha mipando ndi zotchinga pokonzekera gawo lotsatira la sewero. Ndiye Paris sinauze anthu wamba chilichonse chatsopano. Inatseka pakamwa ophunzira, ndipo inauza a Leclerc eni ake kuti chimene ankachiyesa ndiwo yapambali ndiye chinali nsima.

Kamtsutso: Chabwino, koma popanda Canetti bwenzi lero a Nachisale ataona nsapato pamwala? Yankho ndi ayi. Bwenzi ali wolemba masewero a pawailesi woiwalika.

Aphunzitsi Opuma: Mwina. Koma Canetti anatola ambiri, si onse ali ndi msewu.

Mayi a Chisomo: Inu amuna mwayamba kale kukokana. Ine ndikufuna kudziwa nyimbo imene agogo aja anaimba. Ikuti chiyani?

Nachisale wa ku Lévis: Mayi a Chisomo, ndi *Le p'tit bonheur*. Ndakhala nayo sabata yonse ndi dikishonale. Munthu akuyenda, akupeza kachimwemwe kakang'ono katatayidwa m'mbali mwa ngalande, kakulira, anthu akungokadutsa. Kakumupempha kuti akatole. Iye akukaika m'kati mwa nsanza zake, kupita nako kunyumba, kukasamalira mpaka kachira. Moyo wake ukusintha, zonse zikuphuka. Tsiku lina m'mawa, popanda mkangano, kachimwemwe kaja kakunyamuka osamugwira n'chanza chomwe. Iye akuchonderera, ayi ndithu kakupita. Pomaliza akutenga ndodo yake kubwerera pamsewu, ndipo kuyambira pamenepo akaona chitsime kapena mtsikana amalambalala.

Chomwe chinandisokoneza n'choti kayimbidwe kake n'kopepuka, kodumphadumpha, ungayese ya ana. Ndipo ana akuno amaiphunziradi kusukulu. Agogo aja ankaimba akumwetulira. Ine ndi amene ndinakalira kuchimbudzi nditamva tanthauzo, pajatu ena mukudziwa mmene ndinachokera ku Joni.

Mayi a Chisomo: Pepani asisi. Nyimbo zina zimadziwa adiresi.

Wagitala wa ku Kawale: Aphunzitsi, mwati anali wazisudzo. Pawailesi pokha, kapena alipo mafilimu oti munthu n'kumuona nkhope akuchita?

Aphunzitsi Opuma: Alipo, mwana wanga, ngakhale si ambiri. Yodziwika ndi *Les Brûlés* ya 1959, ya Bernard Devlin, yopangidwa ndi bungwe la boma la mafilimu, Office national du film. Ndi nkhani ya amuna osowa ntchito a m'ma 1930 amene anatumizidwa kumpoto, ku Abitibi, kukagwetsa nkhalango n'kutsegula minda pamalo ozizira koopsa. A Leclerc akuchita nawo ndipo akuimbamo. Pa nthawi yomweyo Claude Jutra anawajambula ali pakhomo pawo ku Vaudreuil, mu kanema wamfupi wofotokoza za iwo.

Koma bala lawo lenileni linali zisudzo za pansanja. Munthu amene Paris inkamuimirira chifukwa cha nyimbo ankafunitsitsa kuti amutche wolemba masewero. Analemba ambiri. Olemba m'manyuzipepala a ku Montréal ankawasenda chikopa nthawi ndi nthawi. Mu 1966 sewero lawo *Les Temples* linanyozedwa kwambiri, iwo anakhumudwa, n'kubwerera ku Ulaya komwe anakhala zaka zingapo, ku France ndi ku Switzerland. Banja lawo loyamba ndi Andrée Vien linathanso m'zaka zomwezo, anadzakwatira Gaëtane Morin. Ndiye a Kamtsutso onani, ngakhale Paris itaomba m'manja zaka 15, ophunzira aja sanagonje pa zonse. Anangovomera kuti aziimba, koma cholembera asiye.

Ine ndinayesapo kuwerenga sewero lawo limodzi, ndipo ndinene chilungamo: anthu a m'seweromo amalalikira kwambiri. Chomwe nyimbo imachinena m'mphindi ziwiri, sewero limachizungulira ola lonse. Onyozawo anali ndi nkhanza koma sanali akhungu. Uwazisudzo wawo weniweni uli m'nyimbo momwemo. Tamverani mmene amasinthira mawu akamalankhula ngati munthu wina, mmene amadikirira asanagwetse liwu lomaliza. Zimenezo anaziphunzira pa maikolofoni ya sewero, osati kukwaya.

Bambo a Mphatso: La Tuque ndiye ndikuidziwa, ndinapitako kangapo ndi katundu. Umachoka Trois-Rivières n'kutenga msewu wa 155, maola awiri ukutsatira mtsinje wa Saint-Maurice, mbali ino thanthwe mbali iyo madzi, ndipo usiku umaopa chinyama chachikulu chija amati orignal, chikaima pamsewu thiraki imatha. Tauniyo ndi ya fakitale ya mapepala, fungo limakulandira usanaone nyumba. Mdala wina pamalo omwera khofi anandiuza kuti kale zipika sankanyamula pamathiraki, ankazigwetsera mumtsinje chisanu chikasungunuka, amuna n'kumathamanga pamwamba pake ndi ndodo zangowe kuti zisatsekerane. Zikatsekerana ankaphulitsa ndi dainamaiti. Ntchitoyo amati drave, ndipo pamtsinje umenewu inatha m'ma 1990 mommuno. Ndikuona tsopano kuti mkuluyu ali ndi nyimbo ya dzina lomwelo. Mawa ndiimvera ndili pa 40 pompo, ndimupepese.

Kamtsutso: Tsopano tifike pomwe Aphunzitsi akuzemba. Munthu wa maluwa, akavalo ndi timachimwemwe uyu, amene analandira ngakhale ulemu wa Order of Canada, anadzasanduka woimba wa ofuna kuphwanya Canada. Atakalamba! Ine munthu akasintha nyimbo pa zaka 56 ndimafunsa kuti mphepo ikuwombera kuti. M'ma 1970 ufulu wa Québec unali m'fasho, achinyamata onse anali komweko, woimba mnzawo Gilles Vigneault anali atatenga kale malo. Mdalayo anaona kuti atsala yekha.

Aphunzitsi Opuma: Sindikuzemba, ndimadikira kuti mufike nokha. Mu 1970 a Leclerc anabwerera kudzakhazikika pachilumba cha Orléans, pomwe kholo lawo lochokera ku France linakhala m'zaka za m'ma 1660. Anamanga nyumba ku Saint-Pierre. Mu Okutobala chaka chomwecho kagulu ka FLQ, komenyera ufulu wa chigawo cha Québec mwachiwawa, kanaba kazembe wa zamalonda wa Britain, James Cross, kenako nduna ya zantchito ya Québec, Pierre Laporte. Pa 16 Okutobala boma la Canada la Pierre Trudeau linagwiritsa ntchito lamulo la nthawi ya nkhondo. Asilikali anadzaza m'misewu ya Montréal, ndipo anthu pafupifupi 500 anamangidwa popanda chikalata, ambiri usiku, ambiri n'kudzatulutsidwa osaimbidwa mlandu uliwonse. Mwa iwo munali woimba Pauline Julien ndi mlakatuli Gérald Godin. Tsiku lotsatira mtembo wa Laporte unapezeka m'buti ya galimoto.

Izi n'zomwe zinabala *L'alouette en colère* ya 1972. Amene munaphunzira Chifalansa kusekondale mukukumbukira kanyimbo ka ana ka mbalame yotchedwa alouette, komwe timaithothola nthenga, mutu, mlomo, mapiko, tonse tikuseka. Ine ndinakaphunzitsa zaka 30 osaganizapo kanthu. A Leclerc anatenga mbalame yothotholedwayo n'kuikwiyitsa. M'nyimboyo tate akudandaula za mwana wake: wolandidwa, wopanda ntchito pa dziko la makolo ake, chinenero chake chosawerengedwa, ndipo mwanayo wafika pochita zoopsa. Tateyo sakumuyamikira. Akuvomera kuti iye ndi amene anachita mantha n'kuitana thandizo, mwanayo n'kumangidwa, ndipo mkwiyo wa mwana wamulowa naye. Nyimbo yake ndi yaifupi, gitala ikugunda mouma, palibe pomwetulira.

Munthu wofuna kutsatira fasho salemba nyimbo yodziimba mlandu yekha. Ndipo anali ndi zambiri zoti ataye: omvera ake okalamba, opita kutchalitchi, sanali anthu a zimenezi. Mu 1975 anatulutsa *Le tour de l'île*, yomwe imayamba ngati ulendo wozungulira chilumba mwakachetechete n'kuthera pa ufulu wa dziko. Pa riferendamu ya ufulu wa Québec ya pa 20 Meyi 1980 anaima poyera kumbali ya René Lévesque, mtsogoleri wa boma la Québec nthawiyo, ya inde. Anagonja, 60 pa 100 anakana.

Bambo a Mphatso: Apa ndiye pandikhudza ine. Lamulo la 101 loteteza Chifalansa, la 1977, lomwe chipani cha Lévesque chinakhazikitsa, ndi lomwe linachititsa kuti ana anga apite kusukulu ya Chifalansa, sitinafunsidwe. Poyamba ndinakwiya, ndinkati ndabwera ndi Chingerezi changa chabwinobwino, ndiyambirenso ngati mwana wa Sitandade 1? Lero Mphatso ndi mng'ono wake amakangana m'Chifalansa, amalota m'Chifalansa, Chingerezi anachitola pa TV. Chichewa chatsala cha "ndakhuta" ndi "zikomo". Agogo awo akaimba foni kuchokera ku Ntcheu, ndimakhala pakati ngati womasulira kukhoti.

Ndiye ndikamva kuti mkuluyu anakwiya chifukwa chinenero cha mwana wake sichinkawerengedwa, ndimamumva, koma ndimasekanso chamumtima. Nkhondo yake anapambana m'nyumba mwanga. Amene wathotholedwa nthenga pano ndine.

Nachisale wa ku Lévis: Bambo a Mphatso, zoona zake n'zowawa, koma agogo amene ndimawasamalirawa amandiuzanso zawo. Mayi wina wa zaka 88 anagwira ntchito m'fakitale ya nsalu ali mtsikana. Akuti onse apansi ankalankhula Chifalansa, mabwana onse Chingerezi, ndipo ukafuna kupempha tchuthi cha maliro unkayamba wafufuza mnzako wodziwa mawu ake. M'tauni yobadwira iwe mwini. Sindikuti lamulolo silipweteka ife obwera, inenso mayeso a Chifalansa anandigwetsa kawiri. Koma ndikawaona akuimba nyimbozi sindiona anthu onyada. Ndimaona anthu omwe anauzidwa nthawi yaitali kuti malankhulidwe awo ndi a kukhola, kenako anamva malankhulidwe omwewo pachimbale chochokera ku Paris.

Kamtsutso: "Chochokera ku Paris." Mwandithandiza nokha achemwali, zikomo. Koma za Okutobala ndavomera, sindinkadziwa za omangidwa 500 aja. Ndikusiya mlandu wa fasho. Wa Paris sindisiya.

Wagitala wa ku Kawale: Ine ndagwera m'dzenje, ndi 2 koloko usiku. Ndapeza za pa 13 Ogasiti 1974, pa Plaines d'Abraham mumzinda wa Québec, bwalo lomwe Angerezi anagonjetserapo Afalansa mu 1759. Kunali chikondwerero cha achinyamata a maiko olankhula Chifalansa, Superfrancofête, ndi ochokera ku Africa analipo. Potsegulira anaimika atatu pansanja imodzi: mdala Félix wa zaka 60, Vigneault wa 45, ndi Robert Charlebois wa 30, wa tsitsi lanyankhalala ndi magitala amagetsi. Anthu oposa 100,000 pa udzu. Chomwe ndaona ine ngati woimba: Charlebois ali ndi phokoso lonse, koma mdala akangoyamba ndi gitala yake youma ija, khamu lonselo limatsika mawu lokha. Sakuwa n'komwe.

Ndipo mphoto za oimba a ku Québec, za bungwe la ADISQ, kuyambira 1979 zimatchedwa Félix, iye ali moyo. Céline Dion mu 1990 anapatsidwa Félix ya woimba wa Chingerezi atatulutsa chimbale chake choyamba cha Chingerezi, iye anaikana pansanja pompo, kuti iye si woimba wa Chingerezi. Anthu awa nkhani ya chinenero samasewera nayo eti.

Aphunzitsi Opuma: Samasewera nayo. Mu 1995 anavotanso za ufulu wa Québec, ndipo okana anapambana ndi kampata kochepetsetsa, 50.6 kwa 49.4. Koma a Leclerc anali atapita kale. Zaka zawo zomaliza sankaimbanso pagulu kawirikawiri, mtima unkavuta, ankakhala pachilumba kulemba. Mwana wawo wamng'ono, Francis Leclerc, ndi wopanga mafilimu, ndipo mu 2017 anasandutsa buku lija la ubwana wa ku La Tuque kukhala filimu. Wagitala kagone, mawa udzatola zingwe ndi maso otupa.

Nachisale wa ku Lévis: Ndabwerako ku ntchito, ndiwerenge zonse kaye. Zikomo Aphunzitsi, makaseti aja sanapite pachabe.

Mnzanga uja wandiwonjezera zina. Anamwalira ali m'tulo kunyumba kwawo ku Saint-Pierre pa 8 Ogasiti 1988, patangopita masiku asanu ndi limodzi atakwanitsa zaka 74. Akuno amakonda kutchula kuti 8, 8, 88. Ndipo pansi pa mwala uja palibe munthu: phulusa lawo analimwaza pachilumbapo. Ndiye ine ndinkanjenjemera ndi nsapato pamalo opanda mtembo. Pafupi ndi mlatho pali nyumba yachikumbutso, Espace Félix-Leclerc, yomwe inatsegulidwa mu 2002, ili ndi kaholo koimbiramo. Tsiku lija tinaidutsa chifukwa maapozi anali atatilemera. Bambo a Mphatso, mukadzafika ku Québec Loweruka lina mudzabwere ndi anawo, msewu wozungulira chilumba ndi makilomita 67 okha, kwa inu ndi kuphethira. Adzatimasulire zolembedwa pamakoma, ife tidzawalipire ndi mandasi.

Usiku wathawu ndinayesa mwayi. Nthawi yowagoneka agogo aja ndinatsegula nyimbo ya alouette, ndione ngati aidziwa. Sanaimbe. Anangokwinya nkhope n'kutembenukira kukhoma, ndiye ndinaizimitsa msanga. Ndinaika ya nsapato. Ndime yoyamba anangomvera. Yachiwiri analowa, mawu akunjenjemera koma osaphonya. Ndikuwavula masilipasi anandigwira dzanja n'kuloza pansi pa bedi, pomwe pali nsapato zawo zachikopa zomwe sanavale chiyambire kubwera kuno. Ndinazitulutsa, fumbi lokhalokha. Anazitenga n'kuziika pachifuwa, ndipo anagona nazo choncho. Wa m'mawa atabwera kudzandilandira anandifunsa kuti nsapato zikutani pabedi, ndinamuuza kuti azisiye mpaka adzuke okha.